Funsani Amisiri: Baji Ikukwinyitsa Nsalu

Funso: Ndimapeta mabaji a sukulu ndi a makwaya ku Area 25. Baji imatuluka bwino pa shati ya yunifolomu, koma pa golf shirt nsalu imakwinyika, malembo amaonda, ndipo pakati pa mkombero ndi m'kati mwake pamatsala mpata. Kodi makina anga aonongeka?

Yankho: Mayi, makinawo asiyeni kaye, vuto lili mu fayilo ya pa kompyuta imene makina amatsata popeta. Nsalu ya golf shirt ndi yolukidwa, imatamuka. Ulusi ukamangika umaikoka motsata kumene sitichi zagonera, ndiye chilembo chimatuluka chowonda kuposa momwe chikuonekera pa kompyuta. Mu Wilcom, pulogalamu yokonzera mafayilo opetera, kwezani pull compensation (muyeso wotalikitsa sitichi pang'ono kuti chilembo chisaonde) ifike 0.3 kapena 0.4 mm, pa shati wamba 0.2 imakwana. Mkombero ukwere pang'ono pamwamba pa fill (sitichi zodzaza m'kati mwa baji), zisamangokhudzana.

Ambiri akaona nsalu ikusuzumira pansi pa ulusi amathamangira kuthinitsa sitichi, ndipo makwinya amayambira pomwepo. Ngati ulusi wanu ndi wa nambala 40, spacing (mpata wa pakati pa sitichi) ikhale cha pa 0.4 mm basi. Chogwira nsalu ndi underlay, sitichi zoyamba zimene zimagona pansi pa sitichi zooneka. Mizere yosafika 2 mm ipatseni underlay ya center run yokha (mzere umodzi pakati), yotakata ipatseni edge run (yotsata m'mbali) ndi zigzag. Pansi pa fill, underlay idutse mopingasa ndi sitichi za pamwamba.

Kumbuyo kwa nsalu ikani cholimbitsira cha cut-away, chimene mumangodula m'mbali n'kutsala pansi pa baji. Tear-away, yong'amba mukamaliza kupeta, ndi yotchipa inde, koma malaya akachapidwa kangapo baji imapindika ngati tsamba louma, kasitomala n'kubwerera. Singano ikhale ya saizi 75/11 ya ballpoint (ya nsonga yobulungira), ndipo pomanga hoop (chogwirira nsalu popeta) musakoke nsalu, chifukwa mukaimasula imabwerera n'kukwinyika.

Funso: Kasitomala anandipatsa logo mu fayilo ya mtundu wa DST. Nditaichepetsa kuti ikwane pachifuwa, ulusi ukungoduka. Ndine telala wa ku Biwi.

Yankho: Bambo, DST imasunga malo obaya singano, osati mapangidwe a chithunzicho, ngakhale mitundu ya ulusi simukhala m'menemo. Mukaichepetsa pa makina, sitichi zonse zimatsala, zimangothithikana pamalo ochepa, singano n'kumabaya pobaya kale. Pochepetsa musapitirire 10 peresenti. Pemphani fayilo ya EMB, ya pulogalamu ya Wilcom, chifukwa imeneyo pulogalamu imawerengeranso sitichi. Ikasowa, jambulani logoyo mwatsopano.

Samalaninso ndi timawu ta pansi pa logo. Zilembo zosafika 5 mm zimatsekeka maso ndi ulusi wa 40, makamaka "a" ndi "e". Pamenepo pakufunika ulusi wa 60 (wowonda kuposa wa 40) ndi singano yaing'ono ya 65/9, apo ayi gwirizanani ndi mwini logo kuti mawuwo muwakulitse.