Musachotse nyimbo m'nthano, mayi

Mayi wina wa ku Ngabu wandilembera imelo. Akufuna kulemba katuni ya ana yochokera m'nthano, koma anzake akuti Kalulu ndi wachikale, aikemo zinjoka zolavula moto ngati za m'mafilimu akunja. Akufunsa ngati atero.

Mayi, funso lanuli landiwawa, chifukwa mawu omwewo anandiuzapo bwana wina wa pa TV atawerenga sewero langa.

Ine ndinakulira ku Bangula. Kukatentha mu Okutobala m'nyumba simunkagoneka, ndiye tinkayala mphasa panja, agogo n'kuyamba "Padangokhala!" ife "Tili tonse!" Chimene chinanditsalira si phunziro lakumapeto ayi, ndi nyimbo. Mwana wamasiye akafika pa Shire n'kuyamba kuimbira ng'ona kuti imuolotse, tonse tinkavomereza, ngakhale kamwana kosatsata nkhani. Nyimboyo inkabweranso kachiwiri, ndipo pofika kachitatu mitima inali m'mwamba podziwa kuti apa zivuta.

Pa TV nyimbo ndiyo imayamba kudulidwa, m'malo mwake n'kubwera munthu wamkulu wofotokozera ana kuti bodza n'loipa. Zimandinyansa. Kalulu ndi wabodza, inde. Ananamiza Njovu ndi Mvuu mpaka kukokana chingwe tsiku lonse, aliyense akuyesa kuti akulimbana ndi iye. Ana amamukonda chifukwa ndi wamng'ono wopusitsa akuluakulu. Mukamusandutsa mwana wabwino wa Sande sukulu, mwamupha.

Za zinjokazo, kuchigwa kuno tasowanji? Tili ndi dambo la Elephant Marsh, lomwe Livingstone analitcha choncho atapezamo njovu zambirimbiri mu 1859. Tili ndi nyala za ku Lengwe. Napolo amagumula mapiri, madzi ake n'kudzatipeza ife kunsi kuno, ndipo mwana amene anaona namondwe wa Freddy mu 2023 safunika kumuphunzitsa mantha. Koma Mbona yekha samalani naye. Nkhani yake ndi yokoma, munthu wosalasika ndi mkondo, koma kachisi wake ku Khulubvi akugwirabe ntchito, anthu amakapempha mvula. Musamujambule musanakhale pansi ndi osunga kachisiyo.

Zoti muchite

Lembani nyimbo poyamba, yaifupi, yoti ana aziyankha, ndipo ulimba uiperekeze. Gawo lililonse likhale ndi vuto limodzi, ndipo alithetse ndi mwana kapena kanyama, osati mfumu. Chisena chisiyeni momwemo. Mukamaliza, kawerengereni ana a Sitandade 2 musanalipire wojambula.