Kodi Mary Pickford anali mkazi wa Chaplin?

FUNSO: Akonzi, ine ndimakonda mafilimu akale osayankhula aja a Charlie Chaplin, ndiye tsiku lina pa Facebook ndinaona chithunzi chake ali ndi azibambo ena komanso mayi mmodzi, pansi analemba kuti Mary Pickford. Anali mkazi wake kapena? Nanga anathera kuti?
Wowerenga wa ku Zomba

YANKHO: Ayi achimwene, sanali mkazi wake, anali mnzake pa bizinesi. Mu 1919 mayiyu, Chaplin, Douglas Fairbanks ndi D.W. Griffith anatsegula kampani yawo ya United Artists kuti azigulitsa okha mafilimu awo, asamadyeredwenso masuku pamutu ndi makampani akuluakulu. Amene anamukwatira ndi Fairbanks, mu 1920.

Dzina lenileni la Mary Pickford linali Gladys Smith, anabadwira ku Toronto ku Canada mu 1892. Bambo ake anamwalira mu 1898, mayi ake n'kutsala ndi ana atatu opanda pogwira, ndiye kamwanako kanayamba zisudzo kali kakang'onong'ono, osati chifukwa chofuna kutchuka ayi koma kuti pakhomo padyedwe. Mu 1909 analowa mafilimu ku kampani ya Biograph ku New York akulandira madola 10 pa tsiku, koma pofika 1916 anali pa madola 10,000 pa sabata, ndipo pokambirana kontilakiti mayiyu sankagonja wamba.

Nthawi imeneyo filimu inalibe mawu, mu holo mumakhala munthu akuimba piyano, mawu ochepa okha ndi amene amalembedwa pa sikilini, ndiye nkhani yonse imayenera kuoneka pa nkhope. Ambiri ochokera ku siteji amangoponya manja uku ndi uku, iye amangotembenuza maso pang'ono basi iwe wamva kale kuti mwanayu mtima wasweka.

Koma pamene pamandiwawa ine ndi apa. Anthu anamukonda ngati kamtsikana ka tsitsi lalitali lopotanapotana ndipo sanafune kuti akule. Anali wamfupi, ndiye mu filimu ya The Poor Little Rich Girl ya 1917 anachita kupanga mipando ndi matebulo akuluakulu dala kuti iye azioneka ngati mwana, ndipo mu 1925 ali ndi zaka 33, bwana wa kampani, amasewerabe ngati kamwana. Mayi ake atamwalira mu 1928 anapita kukameta tsitsi lija, nkhani yake mpaka inalowa patsamba loyamba la nyuzipepala, anthu kukhumudwa ngati wawalanda chinthu chawo.

Mafilimu a mawu atabwera sikuti analephera kuyankhula, anapata Oscar, mphoto yapamwamba ya mafilimu ku America, ndi filimu ya Coquette ya 1929, kungoti anthu amafuna kamtsikana kaja, mayi wamkuluyu samamufuna. Filimu yake yomaliza inatuluka mu 1933, banja ndi Fairbanks linatha mu 1936, kenako anakwatiwa ndi Buddy Rogers.

Kuchokera apo anayamba kudzitsekera m'nyumba yake ya Pickfair ku Beverly Hills, mowa unamulowerera, moti alendo ena akabwera amayankhula nawo pa foni ali kuchipinda iwo ali pabalaza. Mu 1976 atamupatsa Oscar ina yaulemu anachita kumupititsira kunyumba komweko. Anamwalira pa 29 Meyi 1979 ali ndi zaka 87.