Zaka 4 ndikulipira koma ngongole ya nyumba siikusuntha: kodi banki ikundibera?

Imelo imeneyi inafika Lachiwiri usiku, ndipo ndinaiwerenga katatu ndisanagone. Mayi wina, dzina ndisunga, akuti akhala akubweza ngongole ya nyumba kwa zaka 4 osaphonya ngakhale mwezi umodzi, koma atapempha sitetimenti apeza kuti ngongoleyo ili pafupifupi pomwe inayambira. Tsopano a banki akuwauza kuti akhoza kuwatalikitsira nthawi, kuchoka pa zaka 20 kufika 30, kuti zolipira pamwezi zipepuke. Mafunso awo ndi awiri: kodi akundibera? Nanga ndivomere?

Amayi, mwandikhudza pachilonda. Pepala ngati lanulo ndinaligwirapo m'manja mwanga, ndipo manjawo ankanjenjemera.

Tsiku limene ine ndi akazi anga tinkasaina ngongole yathu ndimalikumbukira ngati dzulo. Mapepala anali mulu. Bambo wa kubanki uja anali ataikiratu timitanda ta pensulo pamalo onse osaina, ndipo ntchito yake inali kungotembenuza masamba n'kumaloza: apa, apa, ndi apanso. Ine funso langa linali limodzi basi, loti pamwezi tizilipira zingati. Atatchula, ndinafanizira mwachangu ndi lendi yomwe tinkalipira nthawi imeneyo, n'kuona kuti sizikusiyana kwenikweni. Mtima unangoti myaa. Akazi anga anandikodola pansi pa tebulo n'kunong'ona kuti, "Bambo, mufunse kuti zonse pamodzi zidzakwana zingati." Ndinawayankha ndi maso kuti asandichititse manyazi pamaso pa anthu. Maganizo anga anali pa makiyi, pa penti ya pabalaza, pa tsiku lomwe ndidzauze mwininyumba kuti mwezi wamawa asadzabwerenso kudzagogoda.

Safunsa anadya phula. Ine ndinadya kwa zaka 5 ndisanazindikire chomwe ndinkatafuna.

Chaka chachisanu chitatha ndinapita kukatenga sitetimenti, ndili ndi chikhulupiriro chonse kuti gawo limodzi mwa magawo anayi a ngongole lapita, poti zaka 5 ndi kota ya zaka 20. Nditayang'ana mzere wapansi ndinaganiza kuti kompyuta yawo yalakwitsa. Ndinakweza mawu, ndivomere, moti mlonda anayandikira pakhomo la ofesiyo. Amene anandipirira anali mtsikana wina wamng'ono, mwina atangoyamba kumene ntchito. Sananditsutse. Anatenga envelopu yomwe ndinabweretsa, n'kuitembenuza, n'kuyamba kulemba kumbuyo kwake ndi bolopeni yofiira. Envelopu imeneyo ndikadali nayo m'bokosi la mapepala a nyumba.

Zimene analembazo ndizibwereza pano, koma manambala ndasintha kuti akhale osavuta kutsatira. Tinene kuti mwabwereka 1,000,000, kaya ndi ndalama ya dziko liti, pa chiwongoladzanja cha 12 peresenti pachaka, kwa zaka 20. Mwezi uliwonse mudzalipira pafupifupi 11,011. Tsono 12 peresenti pachaka ndi 1 peresenti pamwezi, ndipo 1 peresenti ya 1,000,000 ndi 10,000. Ndiye kuti pa 11,011 yanu yoyamba ija, 10,000 ndi chiwongoladzanja, yapita osabwerera. Imene yakhudza ngongole yeniyeniyo ndi 1,011 yokha. Mwezi wachiwiri chiwongoladzanja chiwerengedwa pa 998,989 yotsalayo, choncho chitsika ndi 10 chabe, ndipo 10 ameneyo awonjezeka mbali inayo. Zimayenda choncho, mwakachetechete, ngati nyerere ikukoka chiwala.

Zaka 5 zikatha mumakhala mutapereka ndalama zoposa 660,000, koma ngongole yatsika ndi pafupifupi 82,500 basi. Pa zaka 10, theka la ulendo, mukadali ndi ngongole ya pafupifupi 767,000. Mwezi umene gawo lodula ngongole limayamba kuposa gawo la chiwongoladzanja umafika m'chaka cha 15. Mukadzamaliza zonse mudzakhala mutapereka pafupifupi 2,643,000. Kunena kwina, nyumba imodzi yanu, ina ndi theka ya banki.

Mtsikana uja atamaliza anandiyang'ana n'kunena kuti, "Bambo, chiwongoladzanja ndi lendi ya ndalama. Mukakhala ndi ndalama zathu zambiri, lendi imakhalanso yambiri." Ndinatuluka mwakachetechete osatsanzika n'komwe mlonda uja. Kunyumba akazi anga anangowerenga envelopuyo, n'kuiika pa tebulo, n'kupita kukatseka mawindo. Mpaka lero sananenepo kuti ndinakuuzani, ndipo zimenezo n'zimene zimandipweteka kwambiri.

Choncho pa funso lanu loyamba, amayi, kaonekedwe ka sitetimenti yanuyo pakokha si umboni wa kuba. Pa chitsanzo chathuchi, munthu wolipira zaka 4 amakhala atapereka pafupifupi 528,500 ndipo ngongole imatsala pafupifupi 938,000. Ndi masamu, ndipo masamuwo ndi olondola.

Koma musandimve ngati ndikuikira kumbuyo mabanki. Kulondola kwa masamu n'kwina, chilungamo cha kagulitsidwe kake n'kwinanso. Poyamba ndinkati vuto linali langa ndekha chifukwa sindinafunse. Masiku ano ndikuona kuti funso loti "pamwezi ndi zingati" ndi funso lomwe wobwereketsa amafuna kuti mufunse, ndipo zonse zimakonzedwa kuti mulekere pomwepo. Nambala ya pamwezi amailemba yaikulu, patsamba loyamba. Nambala ya zonse pamodzi, ngati ilipo, muisakesake patsamba lachisanu ndi chiwiri m'timalemba tofuna magalasi. Munthu amene wathera zaka akusainitsa anthu amadziwa bwino lomwe kuti ambiri okhala kutsogolo kwake sakudziwa zimene mtsikana uja anandifotokozera m'mphindi 5. Akakhala chete, wasankha kukhala chete. N'chifukwa chake maiko ena anachita kuika lamulo. Ku America, lamulo la Truth in Lending la mu 1968 linakakamiza obwereketsa kuti aziulula mtengo wa ngongole pachaka, uja amautcha APR, womwe umaphatikiza chiwongoladzanja ndi zolipira zina. Lamulo lotere silikanafunika kukanakhala kuti ankaulula okha mwa kufuna kwawo.

Ndikangoyamba za zolipira zinazi mutu umandiwawa. Ya kukonza ngongole, ya munthu wodzayesa mtengo wa nyumba, ya loya, ya kulembetsa chikole ku boma, inshuwaransi ya nyumba, inshuwaransi ya moyo wanu kuti mukamwalira banki isaluze. Ife zina mwa zimenezi tinalibe ndalama yake pamanja, ndiye bambo uja mokoma mtima anati, musadandaule, tingoziphatikiza ku ngongole. Tinathokoza mpaka kuwomba m'manja. Sitinaganize kuti pa chiwongoladzanja ngati chija, 30,000 yophatikizidwa ku ngongole ya zaka 20 imabwezedwa ngati 79,000. Loya anadya zake tsiku lomwelo n'kuiwala nkhope zathu, ife tikumulipirabe ana atakula.

Mwina ndipatuke pang'ono. Liwu la Chingerezi lotchulira ngongole ya nyumba, loti mortgage, linachokera ku Chifalansa chakale, mort gage, kutanthauza chikole chakufa. Amati chikolecho chimafa mukamaliza kubweza, kapena nyumbayo imafa kwa inu mukalephera. Mnzanga wina nditamuuza zimenezi anaseka n'kunena kuti ayi, amene amafa ndi wobwerekayo. Sindinaseke nawo kwenikweni, chifukwa nthawi imeneyo n'kuti kalata ina itangofika kumene.

Kalatayo inali ya mizere inayi, yotidziwitsa kuti chiwongoladzanja chakwera. Apa mpamene ndinadziwa kuti chathu chinali chosinthasintha, chotsatira chiwongoladzanja cha banki yaikulu ya dziko, osati chokhazikika. Zinalembedwa m'mapepala aja, penapake pakati pa mtanda wina wa pensulo ndi unzake. Anthu amaona ngati kukwera kwa 3 peresenti n'kochepa. Pa ngongole ya chitsanzo ija, 15 peresenti m'malo mwa 12 imasandutsa 11,011 kukhala pafupifupi 13,168 pamwezi, ndipo pa zaka 20 kusiyana kwake kumaposa 500,000. Si nkhani ya maiko osauka okha iyi. Banki yaikulu ya dziko la Britain, Bank of England, inali ndi chiwongoladzanja cha 0.1 peresenti kumayambiriro kwa Disembala 2021, koma pofika Ogasiti 2023 chinali pa 5.25, ndipo mabanja omwe nthawi yawo ya chiwongoladzanja chokhazikika inkatha m'miyezi imeneyo anakumana ndi nambala zomwe sanalotepo. Ku Poland anthu ambiri anatenga ngongole za nyumba mu ndalama ya ku Switzerland poti chiwongoladzanja chake chinali chotsika. Mu Januwale 2015 ndalama imeneyo inakwera mphamvu tsiku limodzi, ngongole zawo n'kufufuma iwo ali m'tulo. Ine pamenepa sindinyengerera: ngati malipiro anu amabwera mu ndalama ina, musabwereke mu ndalama ina, ngakhale akunyengerereni bwanji. Chikomekome cha mkuyu, m'kati muli nyerere.

Palinso obwereketsa ena, makamaka pa ngongole zing'onozing'ono zomalizira kumanga kapena kufolera, omwe amawerengera chiwongoladzanja pa ndalama yonse yoyamba ija mpaka kumapeto, ngati kuti simunabwezeko kalikonse. Onse awiri akuuzani kuti 12 peresenti. Pa 1,000,000 ya zaka 5, wowerengera pa zotsala atenga pafupifupi 335,000, winayo atenga 600,000. Ameneyo kwenikweni akukulipiritsani pafupifupi 20 peresenti atavala jekete la 12. Kwa ine ameneyo ndi katapila wokhala ndi ofesi.

Ndisakuopsezeni mopitirira. Sindinong'oneza bondo kuti tinagula nyumba. Lendi nayo ndi ndalama yopita osabwerera, ndipo imakwera. Komanso 11,011 ya chaka cha 18 siluma ngati ya chaka choyamba, poti mitengo ya zinthu ndi malipiro zimakhala zitasuntha pomwe ngongole ya chiwongoladzanja chokhazikika yaima pomwepo. Ndiye nambala ija ya 2,643,000 imaopsa kuposa mmene iyenera kuopsera. Chimene chimandiwawa ine n'chakuti ndinalowa osadziwa, pomwe kudziwako kunali kwa envelopu imodzi.

Nanga zaka 30 zija?

Apa ndiye pagona nkhani, ndipo ndachedwa kufikapo. Tibwerere ku chitsanzo, munthu walipira zaka 4, yatsala 938,000. Akavomera kuti zonse zikwane zaka 30, zolipira pamwezi zitsika kuchoka pa 11,011 kufika pafupifupi 9,822. Mpumulo wake ndi 1,190 pamwezi. Mtengo wa mpumulowo ndi pafupifupi 950,000 yowonjezera pofika kumapeto, pafupifupi ngongole yonse ija kachiwiri. Chiwongoladzanja chikakhala chokwera, kutalikitsa nthawi kumathandiza pang'ono kwambiri pamwezi, chifukwa mbali yaikulu ya zomwe mukulipira ndi lendi ya ndalama ija, ndipo imeneyo siichepa poti mwawonjezera zaka.

Mukatembenuza, zimakoma chimodzimodzi. Wolipira 1,000 yapamwamba mwezi uliwonse kuyambira pachiyambi amamaliza m'zaka pafupifupi 15 m'malo mwa 20, n'kupulumutsa ndalama zoposa 480,000. Ife tinayamba zimenezi chaka chachisanu ndi chimodzi, mochedwa, ndipo woyang'anira anali akazi anga. Mwezi woyamba banki inangosunga ndalama yapamwambayo ngati malipiro a mwezi wotsatira, osadula nayo ngongole. Tinachita kulemba kalata kuti ndalama iliyonse yopyola izipita kodula ngongole yeniyeniyo.

Ndiye amayi, ngati mukukwanitsa kulipira panopa, ngakhale movutikira, musavomere. Ngati zafika poti mukhoza kuyamba kuphonya n'kulandidwa nyumba, vomerani, poti zaka 30 m'nyumba yanu zikuposa kugulitsiridwa pa okushoni, koma alembe kuti muli ndi ufulu wolipira zoposa kapena kumaliza msanga popanda chindapusa, ndipo zinthu zikayamba kuyenda mubwerere pa nambala yakale ija mwa inu nokha. Musanasankhe, apempheni ndandanda ya mwezi ndi mwezi, ija amaitcha amortisation schedule, ya njira zonse ziwiri, muyerekeze mzere wapansi. Pa sitetimenti yanu onani ngati chiwongoladzanja chomwe akudula chikufanana ndi cha m'pangano: tengani ngongole yotsala, chulukitsani ndi peresenti ya pachaka, gawani ndi 12. Kusiyana pang'ono kungakhalepo chifukwa ena amawerengera pa tsiku, koma kukakhala kwakukulu, kapena mukaona zodula zomwe simukuzidziwa, funsani polemba kalata ndipo musunge kope lake. Ngati zikuvutani, nditumizireni manambala anayi okha, yomwe munabwereka, peresenti, zaka ndi yotsala, popanda dzina la banki kapena nambala ya akaunti, tiwerengere limodzi.