Celine Dion anapambanadi Eurovision, koma si kumeneko kudachokera kutchuka kwake

Achemwali, mwafunsa ngati n'zoona zimene amuna anu akulimbikira, zoti Celine Dion anatchuka chifukwa chopambana mpikisano wa nyimbo wa pa TV ku Ulaya, pomwe inu mukudziwa kuti mayiyu kwawo n'ku Canada. Musakanganenso kunyumbako. Kwawo n'ku Canada ndithu, ndipo mpikisanowo anapambanadi: Eurovision Song Contest ya 1988, ku Dublin, ataimirira dziko la Switzerland. Pomwe ndikusiyana ndi alamu anga ndi apa poti mpikisanowo ndiwo unamupanga kukhala Celine amene timamumva m'maukwati ndi m'maminibasi uja. Pamenepo ndiye ayi.

Ndiyambe ndi zoti munthu wa ku Canada anapezeka bwanji akuimbira Switzerland, chifukwa ndi pamene ambiri amasokonezekera. Mpikisanowu unayamba mu 1956 mumzinda wa Lugano, ku Switzerland komweko, ndi mayiko 7 okha. Amauyendetsa ndi bungwe la nyumba zoulutsira mawu lotchedwa European Broadcasting Union, ndiye amene amalowa mpikisano kwenikweni ndi mawailesi akanema omwe ndi mamembala, osati maboma. N'chifukwa chake Israel wakhala akupikisana kuyambira 1973, Morocco analowapo kamodzi mu 1980, ndipo Australia, kutali konse kuja, anaitanidwa mu 2015 n'kukhazikika. Wailesi iliyonse imasankha yokha nyimbo ndi woimba. Bungwelo silifunsa pasipoti ya woimbayo. Zili ngati timu ya mpira yogula wosewera wakunja: chigoli akagoletsa, chimalembedwa kwa timuyo. Chaka chomwecho cha 1988, Lara Fabian, wobadwira ku Belgium, anaimirira Luxembourg n'kukhala nambala 4. Ngakhale nyimbo ya Celine yomwe, amene anaipeka anali Atilla Şereftuğ, wochokera ku Turkey, ndipo mawu analemba Nella Martinetti wa ku Switzerland.

Lamulo lomwe linalipo nthawi imeneyo linali la chinenero. Kuyambira 1977 mpaka 1998, nyimbo inkayenera kuimbidwa m'chinenero cha dziko lomwe ikuimirira. Switzerland ili ndi zinenero zinayi, ndipo Chifalansa ndi chimodzi mwa izo. Celine ndi wa ku Quebec, chigawo cha Canada chomwe anthu amayankhula Chifalansa kuyambira kubere. Ndiye mwaona pamene zinakumanirana.

Tsono usiku wa pa 30 Epulo 1988 ndi woti munthu auone yekha, vidiyo yake ilipo pa YouTube. Mpikisano unachitikira ku Ireland chifukwa Johnny Logan anali atapambana chaka chapitacho, ndipo mwambo wake ndi woti dziko lopambana ndilo limachititsa chaka chotsatira. Mayiko analipo 21. Celine anali atangokwanitsa zaka 20, atavala jekete yoyera ndi kasiketi koyera kofufuma, zovala zomwe anthu amamuseka nazo mpaka lero. Nyimbo yake inali "Ne partez pas sans moi". Masiku amenewo oonera kunyumba sankavota. Dziko lililonse linali ndi kagulu ka majaji, ndipo munthu mmodzi ankaimba foni n'kumawerenga mapointi, kuyambira 1 kukwera mpaka 8, kenako 10, kenako 12. Pofika pa dziko lomaliza kuvota, Yugoslavia, woimba wa ku Britain, Scott Fitzgerald, anali patsogolo ndi 136, Celine ali ndi 131. Wa pafoni uja anayamba kuwerenga. Atafika pa 6 anati Switzerland. Celine 137, kusiyana pointi imodzi yokha. Koma kunali kutatsala 7, 8, 10 ndi 12, ndipo Britain anali asanatchulidwe. Aliyense muholomo anadziwa kuti mwa zinayizo Britain akangolandira imodzi, nkhani yatha. Anthu a makamera mpaka anathamangira kwa Fitzgerald. 7 inapita kwina, 8 kwina, 10 kwina. Itatsala 12 yokha, munthu uja anati France. Britain sanapatsidwe kalikonse, ndipo mtsikana wa ku Quebec anapambana ndi pointi imodzi.

Ndafotokoza motalika dala. Majaji a ku Yugoslavia akanangosuntha dzanja pang'ono, Celine akanakhala wachiwiri. Funso loti tidzifunse ndi ili: akanakhala wachiwiri, kodi nyimbo ya mufilimu ya Titanic ija akanaimba wina? Ine ndikuti akanaimbabe yemweyo, ndipo chifukwa chake chili m'zaka zomwe zinadutsa asanaponde ku Dublin.

Celine anabadwa pa 30 Malichi 1968 ku Charlemagne, kufupi ndi Montreal, mzime m'banja la ana 14. Ali ndi zaka 12, iye, mayi ake a Thérèse ndi mchimwene wake Jacques anapeka nyimbo, anaijambula pa kaseti, n'kuitumiza kwa manijala wa oimba dzina lake René Angélil. Bamboyu atamumva akuimba, anapereka nyumba yake ngati chikole kuti apeze ndalama zotulutsira chimbale choyamba mu 1981. Tangoganizani, nyumba, chifukwa cha mawu a kamtsikana ka zaka 13. Mu 1982 anapita naye ku Tokyo ku mpikisano wa Yamaha, n'kubwerako ndi mendulo ya golide. Mu 1983 anakhala munthu woyamba wa ku Canada kulandira chimbale cha golide ku France. Mu 1984 anaimbira Papa Yohane Paulo Wachiwiri pabwalo la Olympic Stadium ku Montreal. Kenako Angélil anamubisa kwa miyezi yambiri, anakonzetsa mano, anasintha tsitsi ndi kavalidwe kuti anthu asiye kumuona ngati kamwana koimba nyimbo zofatsa, ndipo anabwereranso mu 1987 ndi chimbale cha Incognito, ali kale m'manja mwa kampani yaikulu ya CBS. Ndiye amene anakwera siteji ku Dublin sanali mlendo wongotoledwa kumudzi. Anali ndi zaka 7 ali pantchito, zimbale zambiri, manijala wosagona ndiponso kampani kumbuyo. A ku Switzerland anatenga munthu wopsa kale.

Apa mpamene Eurovision imasiyana ndi mipikisano ina ija tinkaonera pa DStv, monga Idols, komwe munthu amachoka pamzere wa oyesedwa mawu, sabata ndi sabata ena akutuluka, ndipo wopambana amapatsidwa kontirakiti. Ku Eurovision imene imapikisana ndi nyimbo imodzi, yosapitirira mphindi zitatu, pasiteji anthu osaposa 6, mawu oimba pompopompo. Wopambana salandira ndalama kapena kontirakiti. Amalandira chikho, amaimbanso nyimbo yake kachiwiri, basi. Phindu lake ndi maso a anthu mamiliyoni ambiri usiku umodzi, ndipo chochita nawo maso amenewo m'mawa mwake chili kwa iwe ndi anthu ako.

Kwa Celine, nyimbo yopambanayo siinagulidwe mochititsa kaso ayi. Inayenda pang'ono ku Switzerland, Belgium ndi France, koma ku Britain ndi ku America anthu sanaidziwe n'komwe. Ndikukhulupirira kuti ambiri amene amaimba nyimbo za Celine mpaka misozi sanaimvepo. Chomwe mpikisano unamupatsa chenicheni chinabwera chaka chotsatira. Mu 1989 mwambowu unachitikira ku Lausanne, ndipo monga wopambana wakale anapatsidwa mpata wotsegulira. Angélil sanauwononge mpata umenewo. Celine anaimbako "Where Does My Heart Beat Now", nyimbo ya Chingerezi yomwe inali isanatuluke, pamaso pa Ulaya yense. Kumbukirani kuti Chingerezi chake chinali chothyokathyoka, moti anachita kukalowa kalasi kusukulu ya zinenero ya Berlitz. Chimbale chake choyamba cha Chingerezi, Unison, chinatuluka mu 1990, David Foster ali mmodzi mwa okonza, ndipo nyimbo ija inafika pa nambala 4 pa tchati cha Billboard ku America mu 1991. Anthu a ku America nthawi imeneyo Eurovision sankaionera. Amene anagula chimbalecho anagula mawu omwe anamva pa wailesi.

Zotsatira zake ambiri mukuzidziwa, sindichedwapo. Nyimbo ya mufilimu ya katuni ya Disney yomwe anaimba ndi Peabo Bryson inamubweretsera Grammy yoyamba, mphoto yaikulu ya oimba ku America. "The Power of Love", yomwe ambiri amayesa ndi yake pomwe anayamba kuimba ndi Jennifer Rush mu 1984, inafika pa nambala 1 ku America mu 1994. Falling into You inatenga Grammy ya chimbale cha chaka mu 1997, ndipo kumapeto kwa chaka chomwecho kunabwera Titanic. Chimene ambiri kuno sadziwa n'chakuti Chifalansa sanachitaye. Mu 1995, Chingerezi chili pachimake, anatulutsa D'eux mothandizana ndi wopeka nyimbo wa ku France, Jean-Jacques Goldman, chimbale chomwe chinagulidwa kuposa china chilichonse cha Chifalansa. Kwa ine chimenechi ndicho chimbale chake chokoma kuposa zonse, chifukwa Goldman anamuletsa kukuwa paliponse. Amaimba motsitsa, mawu akumveka ngati munthu akukuuza nkhani. M'zimbale za Chingerezi nthawi zina amakwera pamwamba ngati akupikisanabe.

Za iye ndi Angélil, anakwatirana mu Disembala 1994 ku Montreal, mwamunayo ali wamkulu ndi zaka 26. Poti anakumana mtsikanayo ali ndi zaka 12, nkhaniyi anthu amaikamba mosiyanasiyana, ndipo ndikudziwa kuti wina aibweretsa. Ine ndikungonena za ntchito: munthu ameneyu ndiye ankaganiza patsogolo pa sitepe iliyonse. Mu 2003 anatengera mkazi wake ku Las Vegas, ku Caesars Palace, muholo yomangidwira iyeyo ya anthu pafupifupi 4,000. Nthawi imeneyo oimba ankaona Las Vegas ngati kokathera ntchito ukakalamba. Celine anaimba kumeneko mashoo oposa 700 mpaka 2007, anthu akuchita kukwera ndege kumutsatira, ndipo pambuyo pake oimba ena akuluakulu anayamba kutengera. Atachoka uko, ulendo wake woimba padziko lonse anauyambira ku Johannesburg mu Febuluwale 2008. Mwina achibale athu ena ali ku Joni analipo, atiuze.

Kuti muone kuti nambala ya pa Eurovision silosera za mawa, onani omwe sanapambane. Domenico Modugno anakhala wachitatu mu 1958 ndi nyimbo yomwe dziko lonse limaidziwa kuti "Volare", ndipo inakatenga ma Grammy ku America. Julio Iglesias anali nambala 4 mu 1970. Olivia Newton-John nambala 4 mu 1974. Ngati alamu akufuna chitsanzo chowathandiza, atenge gulu la ABBA, omwe anapambana chaka chomwecho cha 1974 ku Brighton. Iwowo ndiye mpikisano unawatseguliradi chitseko, chifukwa nyimbo yomwe anapambana nayo ndi yomwenso inafika pa nambala 1 ku Britain n'kuwoloka mpaka ku America. Komabe ngakhale iwo anali oimba odziwika kale kwawo ku Sweden, ndipo mu 1973 anayesa kuimirira dzikolo n'kugwa pa chisankho cha kwawo komweko. Opambana ena ambiri amatchuka miyezi ingapo, kenako amabwerera kukaimba kwawo. Si kulephera kumeneko, ndi ntchito ndithu, koma si u-Celine.

Mwina mukufunsa ngati akuimbabe. Angélil anamwalira ndi khansa ya pakhosi mu Januwale 2016, ndipo patangopita masiku awiri mchimwene wake wa Celine, Daniel, anamwaliranso. Mu Disembala 2022 analengeza kuti ali ndi matenda osowa otchedwa stiff person syndrome, omwe amaumitsa minofu ndi kuikoka mopweteka, mpaka ya pakhosi yomwe, ndipo mashoo omwe anali atakonza anathetsedwa. Celine anadzaimbanso pagulu pa 26 Julaye 2024 potsegulira masewera a Olimpiki ku Paris, ataima pa nsanja ya Eiffel, mvula ikugwa, akuimba nyimbo ya Édith Piaf m'Chifalansa. Chaka chomwecho Switzerland inapambananso Eurovision kudzera mwa woimba Nemo, patatha zaka 36 chipambanire Celine. Mpikisano wa 2025 utachitikira ku Basel, mphekesera zinali ponseponse zoti atulukira pasiteji, koma anangotumiza uthenga wa pa vidiyo.

Ndiye madzulo ano mukamadya nsima, avomerezeni alamuwo kuti za mpikisano ananena zoona, kenako muwafunse atchule amene anapambana chaka chotsatira, ku Lausanne komwe Celine anakatsegulira kuja. Linali gulu la Riva, la ku Yugoslavia, dziko lomwe majaji ake anamupatsa 6 ija. Patangopita zaka zochepa gululo linatha, ndipo dzikolo linagawikana.