Kodi mafumu ankaperekadi ana awo aakazi ngati mphotho?

Mayi wina wandilembera imelo. Akuti mwana wawo wamkazi anawadula pakamwa ali mkati mofotokoza nthano, n'kufunsa chifukwa chake mwana wa mfumu nthawi zonse amangopatsidwa kwa mnyamata amene wapha chilombo kapena wamasulira mwambi. Mayiwa akufuna kudziwa ngati zoterezi zinkachitikadi.

Mayi, kupereka kunalipo ndithu. Bodza la nthano lili pa wolandira. Mfumu sinkataya mwana wake kwa mlenje wosauka, ngakhale akhale wochenjera ngati kalulu. Inkamupereka kwa mfumu inzake, kuti nkhondo ithe kapena malire alimbe, ndipo mtsikanayo sankafunsidwa maganizo.

Taonani za Maria Theresa wa ku Austria. Anabereka ana 16, ndipo maukwati a ana ake aakazi ankawakonza ngati mapangano a boma. Marie Antoinette anamutumiza ku France mu 1770 ali ndi zaka 14 zokha, kuti akakwatiwe ndi amene anadzakhala Mfumu Louis XVI. Afalansa ambiri sanasiye kumuona ngati mlendo, ndipo mu 1793 anamudula mutu pagulu. Chimene chimandidabwitsa n'chakuti mayi akewo ankadziwa bwino kuwawa kwa kukhala mwana wamkazi wa mfumu. Atalowa ufumu wa bambo awo mu 1740, mafumu oyandikana nawo anaona ngati apeza nyama yogwa yokha, nkhondo n'kubuka mpaka 1748.

Ana aakazi amene analamuliradi, ambiri anafika pampando chifukwa mwamuna woyenera panalibe kapena anali wakhanda. Hatshepsut wa ku Egypt anayamba ngati wogwirizira mwana wamng'ono, kenako anadzitcha Farao, ndipo ziboliboli zina zimamuonetsa ali ndi ndevu zachifumu. Elizabeth I wa ku England anali asanakwanitse zaka zitatu pamene bambo ake, Henry VIII, anaphetsa mayi ake mu 1536. Mkulu wake Mary anadzamutsekeranso m'ndende ya Tower of London. Analowa ufumu mu 1558, n'kulamulira mpaka 1603 osakwatiwa. Akalonga ofunsira ankabwera, iye n'kumawazengereza zaka ndi zaka. Ine ndimaona kuti anazindikira msanga kuti tsiku lopeza mwamuna likanakhala tsiku logawana mpando.

Koma amene ndingakonde kuti mwana wanu amumve ndi Nzinga wa ku Ndongo, m'dziko limene lero ndi Angola. Mu 1622 mchimwene wake, yemwe anali mfumu, anamutuma ku Luanda kukakambirana ndi Apwitikizi. Nkhani imene yasimbidwa kuyambira kale imati bwanamkubwa anakhala pampando, Nzinga n'kumuyalira pansi. Nzinga anakodola wantchito wake, wantchitoyo anagwada n'kuwerama, ndipo iye anakhala pamsana pake kuti alankhulane maso ndi maso. Wantchito uja timamuiwala tikamaombera m'manja, koma imeneyo ndi nkhani ina. Mchimwene wake atamwalira mu 1624 Nzinga anatenga ulamuliro, anadzalandanso Matamba, ndipo analimbana ndi Apwitikizi kwa zaka zambiri mpaka anapangana nawo mtendere. Anamwalira mu 1663 ali nkhalamba, akadali mfumu.

Palinso mkazi wina amene nthano sizimusamala: mayi kapena mlongo wa mfumu. M'maufumu otsata mtundu wa kuchikazi, iyeyu ndiye tsinde. Kwa Asante ku Ghana, mayi wa ufumu ndi amene amatchula dzina la woyenera kukhala mfumu, ndipo Yaa Asantewaa wa ku Ejisu anatsogolera nkhondo yolimbana ndi Angerezi mu 1900. Mu ufumu wa Maravi, Kalonga, mfumu yaikulu, ankachokera m'mimba ya Nyangu, mayi wa ufumuwo. Kumeneko wokwatira mwana wa mfumu sakanalota n'komwe za mpando, chifukwa ufumu sudutsira mwa ana a mfumuyo.

Malamulo asintha mochedwa kwambiri. Sweden inalola mwana woyamba kulowa ufumu, kaya ndi wamkazi, mu 1980. Britain inakhazikitsa lamulo lotere mu 2013. Ku Japan mpaka pano Aiko, mwana yekhayo wa Mfumu Naruhito, sangalowe m'malo mwa bambo ake.

Nthanozo musasiye, mayi. Koma mwanayo akadzafunsanso, mufotokozereni za Nzinga, ndipo za wantchito uja musadumphe.