Yankho kwa wowerenga: nyimbo ya "Tomorrow" ya Silverchair komanso nkhani ya kutsanzira

Ndalandira imelo kuchokera kwa wowerenga wina amene akuti atamva nyimbo ya "Tomorrow" koyamba anaganiza kuti ndi ya Pearl Jam, gulu la rock la mumzinda wa Seattle ku America, koma kenaka anauzidwa kuti oimbawo ndi gulu la Silverchair la ku Australia, ndiponso kuti panthawiyo anali ana asukulu. Akufunsa ngati zimenezi n'zoona, ngati anyamatawa ayenera kupatsidwa ulemu kapena ankangotsanzira magulu a ku America, komanso chifukwa chimene wapezera nyimboyi m'mitundu iwiri yosiyana kamvekedwe.

Zikomo kwambiri chifukwa cha kalata yanu. Za zakazo musakayike, chifukwa onse atatu, Daniel Johns woimba ndi kuliza gitala, Ben Gillies wa ng'oma ndi Chris Joannou wa besi, anabadwa mu 1979. Pamene nyimboyi inkatuluka mu September 1994, Johns anali ndi zaka 15, pomwe anzake awiriwo anali asanazikwanitse n'komwe. Kwawo ndi ku Newcastle, mzinda wa m'mphepete mwa nyanja kumpoto kwa Sydney umene unkadziwika ndi doko la malasha ndi fakitale ya zitsulo, osati ndi oimba. Gulu lawo analiyamba mu 1992 ndipo dzina lake linali Innocent Criminals.

Njira imene nyimboyi inadutsa kuti ifike kwa anthu ndi yofunika kuimvetsa, chifukwa ikuyankha mbali ina ya funso lanu. Mu 1994 pulogalamu ya pa kanema yotchedwa Nomad ya SBS, mogwirizana ndi wailesi ya achinyamata ya Triple J, inachititsa mpikisano wa dziko lonse wotchedwa Pick Me, umene magulu osadziwika ankatumizako nyimbo zawo zongojambula paokha. Zimene zinatumizidwa zinaposa 800, ndipo "Tomorrow" ndiyo inapambana. Mphoto yake inali yoti nyimboyo ijambulidwe bwino mu situdiyo ya Triple J ndiponso ipangidwe vidiyo. Onani kuti SBS ndi Triple J ndi nyumba zoulutsa mawu zoyendetsedwa ndi ndalama za boma, choncho si kampani yogulitsa zimbale imene inasonkhanitsa anyamatawa n'kuwauza zoti aimbe. Makampani anabwera pambuyo, nyimbo itayamba kale kupemphedwa pa wailesi, ndipo amene anawapeza ndi Murmur, nthambi ya Sony. Ndi panthawi imeneyo pamene anasiya dzina lakale n'kutenga la Silverchair.

"Tomorrow" inakhala pa nambala 1 pa mndandanda wa ARIA wa nyimbo zogulidwa kwambiri ku Australia kwa milungu 6, ndipo inafikanso pamwamba ku New Zealand. Pa mwambo wa mphoto za ARIA wa 1995 inasankhidwa kukhala nyimbo yapamwamba ya chakacho komanso yogulidwa koposa zonse.

Za mitundu iwiriyo yankho lake ndi lalifupi. Woyamba ndi uja wa 1994 wojambulidwa ku Triple J ndi Phil McKellar, umene anthu a ku Australia anagula. Wachiwiri anaujambulanso ndi Kevin Shirley kuti ulowe m'chimbale chawo choyamba, Frogstomp, chimene chinatha m'masiku 9 okha n'kutuluka mu March 1995. Wachiwiriwu ndi umene unapita ku America, kumene unafika pa nambala 1 pa mindandanda iwiri ya Billboard ya nyimbo za rock, ndipo chimbalecho chinafika pa nambala 9. Yonse ndi yawo, koma ine ndimakonda woyambawo, chifukwa uli ndi makwinya a anthu amene sanazolowere situdiyo.

Tsopano ndifike pa funso lalikulu, ndipo ndisabise mawu: khutu lanu silinakunamizeni. Kaimbidwe ka Johns m'nyimboyi, kozamitsa mawu kukhosi ngati munthu wamkulu wotopa ndi moyo, kakufanana kwambiri ndi ka Eddie Vedder wa Pearl Jam, ndipo kamangidwe ka nyimbo, koyamba mwakachetechete ndi gitala n'kudzaphulika pa kolasi, ndi kamene magulu a ku Seattle oimba mtundu wa rock wotchedwa grunge, monga Nirvana ndi Pearl Jam, anali atafalitsa dziko lonse kuyambira 1991. Olemba nkhani za nyimbo panthawiyo sanawanyengerere, ndipo ena ankawatcha "Nirvana in Pyjamas", posewera ndi dzina la pulogalamu ya ana ya ku Australia ya Bananas in Pyjamas. Nawonso amalonda anathandiza kukulitsa kufananako, pakuti vidiyo yachiwiri, yopangira msika wa ku America, anaipereka kwa Mark Pellington, yemweyo amene anatsogolera vidiyo ya "Jeremy" ya Pearl Jam. Tisaiwalenso kuti Kurt Cobain, woimba wa Nirvana, anamwalira mu April 1994, miyezi yochepa nyimboyi isanatuluke, ndipo mawailesi anali ndi ludzu la chilichonse chomveka motero.

Komabe sindigwirizana ndi amene amathera pomwepo. Mwana wa zaka 14 alibe kwina kotenga mawu kupatula kwa amene amawamvetsera m'chipinda chake, ndipo panthawiyo magulu a achinyamata oimba ngati a ku Seattle anali mbwee, koma ambiri a iwo sanasiye nyimbo imene munthu angaikumbukire lero. Kutsanzira kamvekedwe n'kosavuta, koma kupeka kolasi imene imakakamira m'mutu mwa munthu ataimva kamodzi ndi luso lina, ndipo limenelo Johns ndi Gillies, amene analemba nyimboyi, sanabwereke kwa munthu. Mawu ake nawonso ali ndi chiyambi chooneka. Johns anafotokozapo kuti anaonera pa kanema nkhani ya munthu wosauka amene anatengera wolemera kumalo kumene osauka amagona kuti alawe moyo wawo, ndipo nyimboyo ndi mawu a wosaukayo kuuza mnzakeyo, amene wayamba kale kudandaula, kuti apirire kufikira mawa. Mizere ina ikuonekeratu kuti inalembedwa ndi mwana, ndipo sindinganene kuti ndi ndakatulo yozama, koma mkwiyo wake uli ndi kolunjika.

Umboni umene umandikhutiritsa kwambiri ndi zimene zinachitika pambuyo pake. Gulu longotsanzira likanazilala pamodzi ndi grunge, koma Silverchair inatulutsa Freak Show mu 1997, Neon Ballroom mu 1999, Diorama mu 2002 ndi Young Modern mu 2007, ndipo zimbale zonse zisanu, kuphatikizapo Frogstomp, zinafika pa nambala 1 ku Australia. Pofika pa Diorama, Johns anali akulemba nyimbo pa piyano ndi kugwira ntchito ndi Van Dyke Parks, wokonza nyimbo za okestra amene anagwirapo ntchito ndi Brian Wilson wa Beach Boys, ndipo mthunzi wa Vedder unali utachokeratu pa mawu ake. Kutchuka ali wamng'ono kunamupwetekanso, pakuti "Ana's Song" ya 1999 imanena za matenda okana chakudya amene iye anadwala. Gululi linaimitsa ntchito zake mu 2011.

Choncho pempho langa ndi lakuti mumvetsere "Tomorrow" ya 1994 ija, kenaka mutsatize ndi "Across the Night", nyimbo yotsegulira Diorama. Pakati pa ziwirizi pali zaka 8 zokha, ndipo amene akuimba yachiwiriyo anali asanakwanitse zaka 23.