Msewu anaukulitsa, nanga jamu ikukuliranji?

Mayi wina wanditumizira imelo. Akuti msewu wopita kuntchito kwawo anaukulitsa chaka chatha, koma pano akuchedwa kuposa kale. Anzawo onse mu ofesi ali ndi magalimoto, iwo okha ndiwo amakwera basi. Funso lawo: atenge ngongole agule yawo?

Mayi, ndiyambe ndi msewuwo. Ukangokulitsidwa, miyezi yoyamba mumayenda mwaa. Kenako amene ankakwera basi amatulutsa galimoto, amene ankadzuka mbandakucha pothawa jamu amayamba kunyamuka limodzi ndi aliyense, ena nkukamanga nyumba kutali poti panjira pafupika. Posakhalitsa msewu wadzazanso. Mumzinda wa Houston, ku America, anamaliza kukulitsa msewu waukulu wa Katy Freeway mu 2008, malo ena mpaka mizere 26 kuwerengera ndi timisewu tam'mbali. Sipanapite zaka zambiri, anthu anayambanso kuima pamzere.

Mizinda ina inatenga njira ina. London inayamba kulipiritsa galimoto yolowa pakati pa mzinda mu 2003. Ku Singapore, kuyambira 1990, uyenera kugula kaye chiphaso cha zaka 10 usanakhale ndi galimoto, ndipo ziphasozo nzowerengeka. Ku Seoul, likulu la South Korea, anachita kugwetsa msewu wam'mwamba mu 2003 nkuvundukula mtsinje wa Cheonggyecheon womwe unakwiriridwa pansi pake.

Koma ndikamawerenganso imelo yanu, ndikuona ngati chikukuwawani kwenikweni si jamu ayi. Ndi pageti pa kuntchito paja. Wofika pagalimoto mlonda amamuthamangira nkutsegula, wofika wapansi, nsapato zili mbuu ndi fumbi, amafunsidwa kuti, "Mukufuna ndani?" Pamsonkhano wina amaika kiyi patebulo mwadala, kuti ilire. Zimenezi zimapweteka, sindikutsutsa. Ndipo nchifukwa chake m'mawa mumaona magalimoto ndondondo, mawindo otseka, mkati muli munthu mmodzi, mipando inayi ili yokha. Moni wa pamalo odikirira basi uja anasanduka hutala.

Ngati mumaweruka usiku, kapena muli ndi ana oti muzikawasiya kusukulu, gulani, musamve za munthu. Kungoti powerengera musaiwale mafuta, inshuwalansi, matayala ndi poimika. Ngongole yokha si mtengo wonse. Koma ngati mukufuna kupulumutsa nthawi, yesani kaye izi: pemphani mnzanu azikutengani sabata imodzi, muzimuthandiza mafuta, ndipo tsiku lililonse muzilemba nthawi yonyamukira ndi yofikira. Lachisanu mudzandilembere zomwe mwapeza.